Thupi logula, mawu enieni: mmene Ed Atkins amapangira anthu ochititsa tsemwe

Mu kanema wotchedwa Safe Conduct, yemwe anaonetsedwa mu 2016 ku SMK, nyumba yaikulu ya zaluso ya dziko la Denmark mumzinda wa Copenhagen, mwamuna wina waima pamalo ofufuzira katundu pabwalo la ndege. Mathireyi akudutsa pa lamba. Akuikamo zimene apaulendo onse amaika, monga laputopu. Akuikamonso mfuti, nanazi, ndiyeno ziwalo za thupi lake lomwe. Akugwira khungu la kumaso n'kulisenda lonse, pansi pake n'kupezeka nkhope ina yofanana ndi yoyambayo. Nyimbo ya Boléro ya Ravel ikungokwererakwerera. Magazi enieni palibe, munthu weniweni palibe, ngakhale kamera yojambulira zimenezi kunalibe. Zonse zinachokera m'kompyuta, ndipo woonera aliyense amadziwa zimenezo. Komabe thupi limachita tsemwe.

Mwini ntchitoyi ndi Ed Atkins, waluso wa ku Britain amene anabadwira ku Oxford mu 1982 ndipo masiku ano amakhala ku Copenhagen. Anaphunzira ku Central Saint Martins ndi ku Slade School of Fine Art ku London. Kuyambira mu 2012, pamene anaonetsa Us Dead Talk Love ku Chisenhale Gallery, wakhala akudziwika ndi makanema a amuna opangidwa pakompyuta omwe amalankhula okhaokha, kuimba, kuledzera, kulira ndi kupepesa. Mu 2025 Tate Britain inasonkhanitsa ntchito zake za zaka pafupifupi 15 m'chionetsero chimodzi chachikulu, kuyambira April mpaka August.

Ambiri akaona zidole zakezi amangoti kompyuta sinafike pojambula munthu bwinobwino, n'chifukwa chake zikuopsa. Kumeneko n'kuphonya. Nthumanzi imeneyi ili ndi malo ake enieni pamene imabadwira: pachikope, pakona ya mlomo, pa kachigawo ka sekondi kamene kali pakati pa mawu ndi nsagwada. Amisiri a makanema akuluakulu ndi a magemu amawadziwa malo onsewa ndipo amalipidwa kuti awatseke. Atkins amawadziwanso, koma iye amasankha oti atseke ndi oti asiye poyera. Kuti zimenezi zimveke, m'pofunika kutsata mmene munthu wa pakompyuta amamangidwira.

Chigwa cha Mori

Mu 1970 katswiri wa maloboti wa ku Japan, Masahiro Mori, analemba nkhani yaifupi m'magazini yotchedwa Energy. Mfundo yake inali yakuti chinthu chikamayandikira kufanana ndi munthu, ifenso timachikonda moonjezereka, koma mpaka pamlingo winawake. Loboti ya m'fakitale sitiilabadira. Chidole cha ana chokhala ndi maso ndi timanja timachisekerera. Koma chinthu chikangotsala pang'ono kukhala munthu, chikondi chija chimagwa mwadzidzidzi n'kusanduka kunyansidwa, ndipo chimadzakweranso pokhapokha tikafika pa munthu wamoyo ndi wathanzi. Kugwa kumeneku ndi kumene pa Chingelezi amati uncanny valley. Chitsanzo chake chinali dzanja lochita kupanga lopatsa munthu woduka mkono. Poliona lili bwinobwino, zikhadabo ndi mitsempha zilipo, koma mukapatsana moni mumapeza lozizira ndi lopanda mafupa.

Pansi pachigwacho Mori anaikapo mtembo. Amene anapitako kukaona nkhope pamaliro akudziwa chimene ankanena. Mphuno ndi yomwe ija, chipumi ndi chomwe chija, palibe chachoka, koma mwini wake mulibemo, ndipo maso amazindikira zimenezo mutu usanayambe kuganiza. Atkins mwiniwake wakhala akutchula zidole zake kuti ndi amuna akufa, ndipo ntchito zake zoyambirira zokhudza mitembo zinadza bambo ake atamwalira ndi khansa mu 2009.

Mori ananenanso kuti kuyenda kumakuza vutoli. Anafotokoza za loboti ina ya pachionetsero cha ku Osaka mu 1970 yomwe inali ndi minofu yochita kupanga yokwana mapeyala 29 kumaso kuti izimwetulira. Akachepetsa liwiro la kumwetulirako ndi theka, nkhope ija inkasiya kuoneka yosangalala n'kukhala yoopsa. Minofu yomweyo, mawonekedwe omwewo, chasintha ndi nthawi yokha.

Nkhani ya Mori inali ganizo chabe, sanayeze anthu m'labotale. Ofufuza amene anabwera pambuyo pake anapeza kuti chimene chimasokoneza kwambiri ndi kusagwirizana kwa ziwalo, pamene china chafika pa zenizeni, china chatsalira. Maso a munthu pankhope ya chidole, kapena mawu a munthu pakamwa pa loboti. Ntchito yonse ya Atkins yaima pamenepa.

Thupi la pamsika

Munthu wa pakompyuta ndi chikopa chopanda kanthu m'kati. Amayamba ndi mesh, ukonde wa timagawo ta ngodya zitatu kapena zinayi totchedwa ma polygon, ndipo mutu wokha ukhoza kukhala ndi timagawo masauzande ambiri. Pamwamba pa ukondewo amamatapo zithunzi zafulati zotchedwa ma texture, kawirikawiri za mapikiselo 4096 mbali zonse ziwiri. Chimodzi chimanyamula mtundu wa khungu, china chimanena pamene pali posalala ndi pokhakhala, china timabowo ta khungu ndi makwinya. M'kati amaikamo rig, mafupa ongoyerekeza olumikizana monga a munthu. Kadontho kalikonse ka mesh kamauzidwa fupa loti katsate ndi mlingo wake. Kadontho ka pachigongono kakhoza kutsata fupa lakumtunda ndi magawo 60 pa 100, lakumunsi ndi magawo 40.

Zolakwika zoyamba zimabadwira pomwepa. Popeza m'kati mulibe mnofu wotchinga, chigongono chikapindika kwambiri chimafwamphuka, ndipo dzanja likapotoka mkono umafinyika pakati n'kuonda. Amisiri amakonza zimenezi poonjezera timafupa togawana kupotokako ndi kuumba pamanja mawonekedwe okonzera pamalo opindika. Vuto lachiwiri ndi lakuti zinthu za pakompyuta sizigundana pokhapokha wina atazilamula. Chala chimalowa m'tambula, kolala imalowa m'khosi, tsitsi limadutsa paphewa.

Atkins sanaumbe yekha matupi a makanema amene anamutchukitsa. Ankawagula pa intaneti, pa misika ngati TurboSquid, pamene aliyense angagule mpando, galimoto kapena munthu wopangidwa kale. Wodziwika kwambiri ndi Dave wa mu Ribbons, kanema wa masikirini atatu amene anaonetsedwa ku Serpentine Sackler Gallery ku London mu 2014. Dave ndi mzungu wometa, wa thupi lolimba, wolembedwalembedwa pakhungu, amene amamwa mowa, kusuta fodya, kudandaula ndi kuimba nyimbo zachisoni. Pena mutu wake umaphwa mpweya n'kufota pathebulo. Kuphwako si nthabwala chabe. Ndi kuulula zoona za mesh, kuti m'kati munalibe kanthu chiyambire. Ndipo poti thupilo ndi la pamsika, lopangidwira aliyense amene ali ndi ndalama, silinali la munthu aliyense. Nkhope yopanda mwini ndiyo imene Atkins amaithiramo mawu ake.

Mmene nkhope yamoyo imalowera m'chidole

Nkhope siyendetsedwa ndi mafupa okha. Njira yofala ndi ya ma blendshape. Nkhope imodzi imaumbidwa kambirimbiri: ina nsagwada zili yasa, ina nsidze yakumanzere yakwera, ina milomo yasongoka, ina tsaya lafufuma. Mawonekedwe aliwonse ali ndi nambala yoyambira pa 0 kulekeza pa 1, ndipo nkhope imene mukuona pa sikirini ndi kuphatikiza kwa manambala onsewo panthawi imodzi. Kagawidwe kameneka kanachokera kwa Paul Ekman ndi Wallace Friesen, amene mu 1978 anatulutsa ndondomeko yotchedwa FACS yogawa kuyenda kwa nkhope m'timagulu malinga ndi minofu. Pulogalamu ya ARKit ya kampani ya Apple imagwiritsa ntchito mawonekedwe 52.

M'zaka za Ribbons, Atkins ankakhala kutsogolo kwa Kinect, kamera yoyeza kutalika kwa zinthu imene Microsoft inatulutsa mu 2010 kuti izigwira ntchito ndi makina a magemu a Xbox 360, n'kuilumikiza ku pulogalamu ya Faceshift yopangidwa ku Zurich. Ndondomeko yake siinasinthe kwenikweni mpaka lero. Munthu amayamba waonetsa kamera nkhope yopuma, yosaonetsa kalikonse, kuti pulogalamu idziwe pamene pali 0. Kenako amayasamula, kukwinya, kutsinzina, kumwetulira, kuti idziwe malire a nkhope yake. Akatero amayatsa mayikolofoni n'kuyamba kusewera, kamera ikumuyeza ka 30 pa sekondi. Manambala otulukawo amawasamutsira pa nkhope ya chidole, ndipo chotsala ndi kukonza pamanja. Masiku ano ntchito yomweyi imatheka ndi foni. Kuyambira pa iPhone X ya 2017, kamera yakutsogolo imaponya timadontho topitirira 30,000 tosaoneka ndi maso pankhope, ndipo pulogalamu ya Live Link Face imatumiza manambalawo ku Unreal Engine, pulogalamu yopangira magemu, nthawi yomweyo.

Tsono taonani pamene zimathera molakwika. Ngati pojambula nkhope yopuma ija munthu anakweza nsidze pang'ono osadziwa, pulogalamu imatenga pamenepo kukhala pa 0, ndiye iye akamasuka chidole chimaoneka chokwiya mpaka kanema kutha. Manambala ochokera ku kamera amanjenjemera, choncho nkhope imagwedezeka tizigawo ting'onoting'ono ngakhale munthu ali phee. Mankhwala ake ndi sefa yosalaza manambalawo, koma sefayo siisiyanitsa kunjenjemera ndi kuyenda kwachangu kwenikweni. Kuphethira kumatenga pakati pa 0.1 ndi 0.4 ya sekondi. Kutseka milomo potchula m, b ndi p n'kwachangu kuposa pamenepo. Imani pagalasi munene kuti "mbumba" kapena "pompano": milomo ikukumana n'kusiyana kangapo m'kanthawi kochepa. Mukasalaza kwambiri, chidole chimatchula mawu amenewa milomo isanakhudzane, ndipo woonera amamva kuti china chake chalakwika ngakhale sangachiloze.

Lilime kamera siiliona bwino. Pa mawonekedwe 52 aja, la lilime ndi limodzi lokha, lotulutsa lilime kunja, choncho l, t ndi n zimamveka m'kamwa mosayenda kanthu. Milomo ya munthu imamatana pang'ono ndi malovu ndipo imatseguka kuyambira pakati kupita m'mbali, pamene ya chidole imangotseguka yonse nthawi imodzi. Mawonekedwe awiri akaphatikizidwa, monga kumwetulira ndi kuyasamula, kompyuta imangowonkhetsa manambala, ndiye ngodya za milomo zimapitirira pamene mnofu weniweni ukanaimira.

Pali nkhani ya nthawi. Miyezo ya akatswiri a wailesi yakanema imasonyeza kuti anthu amayamba kuzindikira kusiyana mawu akatsogola chithunzi ndi mamilisekondi pafupifupi 45, kapena akatsalira ndi pafupifupi 125. Timapirira mawu ochedwa kuposa ofulumira chifukwa m'chilengedwe phokoso limafika pambuyo pa kuwala. Pa kanema wa zithunzi 25 pa sekondi, chithunzi chimodzi ndi mamilisekondi 40. Kusuntha mawu ndi zithunzi ziwiri zokha kutsogolo n'kokwanira kuchotsa munthu m'thupi lake.

Mawu a m'makanema a Atkins ndi ake enieni, ojambulidwa pafupi kwambiri ndi mayikolofoni, moti kupuma, kumeza malovu ndi kunjenjemera kwa kholingo zonse zimamveka. Khutu limalandira munthu wathunthu. Diso limalandira nkhope imene ikutsata munthuyo mokayikakayika. Kusagwirizana kuja, kumene ofufuza anakupeza, iye amakupanga dala.

Khungu, maso ndi m'kamwa

Khungu si khoma. Kuwala kumalowa m'kati mwake, kumamwazikamo, n'kutulukira pena. Phimbani tochi ndi zala usiku, muona m'mphepete mwa zala mukufiira, chifukwa kuwala kofiira ndi kumene kumayenda mtunda wautali m'mnofu. Mapulogalamu amatsanzira zimenezi ndi chimene amati subsurface scattering, ndipo mmisiri amalemba mtunda umene mtundu uliwonse wa kuwala uyende, womwe ndi wa mamilimita ochepa chabe. Ukachepa, nkhope imaoneka ya pulasitiki kapena ya simenti. Ukachuluka, timakwinya timasungunuka ndipo munthu amaoneka woumbidwa ndi sera. Cholakwika chofala kwa ongoyamba n'chakuti thupi logula lija linapangidwa m'mamita koma pulogalamu yawo ikuwerenga m'masentimita, ndiye mtunda uja umalakwika ka 100, makutu ndi mphuno n'kumayaka.

Khungu lamoyo limasinthanso. Munthu akakwinya chipumi, magazi amathawa pamene pafinyika. Akachita manyazi kapena akapsa mtima, mtundu umasintha. Texture ndi chithunzi chimodzi chosasintha, choncho nkhope ikhoza kukuwa ndi ukali khungu lili chimodzimodzi ngati la munthu wogona.

Maso ndiwo amapha zidole zambiri. Diso loumbidwa bwino limafuna zigawo zingapo: mpira woyera, kachikuda kolowa m'kati, galasi loonekera lophimba pamwamba lomwe limapinda kuwala, ndi kamzere konyowa pamene chikope chakumunsi chimakhudza diso. Kamzere kameneka kakasowa, diso limaoneka lochita kulowetsedwa m'bowo. Zikope ndi nsidze zimayenera kuponya mthunzi pa diso, apo ayi choyera chija chimawala kuposa nkhope yonse. Ndiye pali kayendedwe. Maso a munthu sakhazikika, amadumpha pafupifupi katatu pa sekondi. Akayang'ana pansi zikope zimatsika nawo. Akayang'ana chinthu chapafupi onse awiri amapendekera m'kati pang'ono. Maso a chidole akasiyidwa olunjika mofanana, chimaoneka ngati chikuyang'ana kupyola inu, kutali kumene kulibe kanthu. Munthu wopuma amaphethira ka 15 mpaka 20 pa mphindi, koma osati motsata wotchi. Amaphethira potembenuza mutu, pomaliza chiganizo, posintha ganizo. Chidole chophethira pa masekondi anayi alionse chimaoneka makina kuposa chosaphethira n'komwe.

M'kamwa namo muli msampha. Mano ndi nkhama zimaumbidwa padera n'kulowetsedwa m'mutu, ndipo ngati kuwala sikunatchingidwe bwino, m'kamwa mumawala ngati muli babu. Mano a m'matupi ogula amakhala oyera ndi ondondozana mopitirira muyeso. Atkins amakonda kuyandikitsa kamera pamalo amenewa, pakamwa, pamaso, pazala, pamene wina aliyense akanaitalikitsa.

Kamera imene kulibe

Chinthu chimene oonera ambiri sachizindikira msanga ndi ntchito imene amaigwira pa kamera. M'kompyuta mulibe galasi, choncho chithunzi chikhoza kutuluka chakuthwa paliponse, chopanda chilema. Atkins amabwezeramo zilema zonse za kamera yeniyeni: kuwala kothwanima pagalasi, fumbi, kumbuyo kosaoneka bwino, kamera yosakasaka pamene ilunjike, kugwedezeka kwa dzanja la wojambula. Tinazolowera kuti zilema zimenezi ndi umboni wakuti munthu analipo ndipo anaona. Pano umboniwo ndi wopeka, ndipo amauthira wambiri dala kuti muugwire bodza. Phokoso nalo n'chimodzimodzi. Tambula ikagunda thebulo, nsalu ikakhuzana ndi khungu, phokoso lake ndi lenileni, lokwezedwa kuposa muyeso, ndipo limapatsa kulemera zinthu zimene zilibe kulemera.

Zonsezi zimadya nthawi. Mphindi imodzi ya kanema wa zithunzi 25 pa sekondi ndi zithunzi 1,500. Ngati kompyuta ikutenga mphindi ziwiri kuphika chithunzi chimodzi, ntchito imene amati render, ndiye kuti mphindi imodzi ya kanema ikufuna maola 50. Mukachepetsa nthawiyo chithunzi chimatuluka ndi timadontho tothothoka, makamaka m'mithunzi ndi m'tsitsi. N'chifukwa chake amisiri amayamba aona ntchito yonse pa mlingo wotsika, ndipo amatulutsa zithunzi chimodzichimodzi m'malo mwa fayilo imodzi ya kanema, kuti magetsi akazima pa chithunzi cha 900 adzayambire pa 901.

Misozi yopanda chifukwa

Hisser wa 2015 anachokera pa nkhani yoona ya mu 2013, pamene nthaka inatseguka pansi pa chipinda chogona cha bambo wina ku Florida n'kumumeza. Mu kanemayo mwamuna ali yekha m'chipinda, akuimba, akupepesa, mpaka chipindacho chikugwedezeka n'kugwera m'dzenje. Koma ntchito imene inafika pachimake pa nkhani ya zopeka ndi Old Food, yomwe inaonetsedwa ku Martin-Gropius-Bau ku Berlin mu 2017 ndi ku Venice Biennale mu 2019. M'menemo muli khanda lalikulu modabwitsa, mnyamata ndi bambo wachikulire ovala zovala zamakedzana, onse akulira osaleka. Misozi ndi mamina zikungoyenderera. Palibe amene akunena chimene chachitika. Ku Berlin, pambali pa masikirini panapachikidwa zovala zenizeni zambirimbiri za m'zisudzo za Deutsche Oper Berlin, zopanda ozivala.

Msozi pakompyuta ndi wosavuta kupanga. Ukhoza kukhala madzi oyerekeza otsetsereka pa mesh, kapena kamzere konyezimira kojambulidwa pa texture. Chovuta ndi kulira, chifukwa kulira kuli ndi chiyambi, pachimake ndi potopa, ndipo mpweya umadukaduka. Anthu a mu Old Food satopa. Kanema akafika kumapeto amayambiranso, iwo akulirabe. Woonera amapezeka akumva chisoni, kenako amadzigwira kuti akumvera chisoni kamzere konyezimira, ndipo manyazi amenewo ndiwo nkhani yake. Ena amadandaula kuti Atkins amangozungulira pa mwamuna wachizungu wodzimvera chisoni, ndipo pa ntchito zina dandaulo limeneli ndi lomveka. Pa Old Food silikwanira, chifukwa amene akuyesedwa pamenepo si wolirayo koma woonerayo.

Zipangizo zitapita patsogolo, mipata yakale ija inayamba kutsekeka yokha, ndipo Atkins anasamutsa nthumanzi kuichotsa pakhungu. The Worm wa 2021, amene anaonetsedwa ku New Museum ku New York, anajambulidwa m'hotela ina ku Berlin nthawi ya mliri wa Covid-19. Atkins anavala zipangizo zojambulira kayendedwe ka thupi, zotchedwa motion capture, n'kuimbira foni mayi ake. Mawu a mayiwo ndi enieni, akukamba za ubwana wawo, za mayi awo ndi za kusasangalala kumene kwayenda m'banjamo. Pa sikirini pali mwamuna wa pakompyuta wovala suti, wokhala pampando ngati wofunsa mafunso pa wailesi yakanema, ndipo ntchito yake yaikulu ndi kumvetsera. Amavomera, amasuntha pampando, amakanda mphuno, amayamba mawu n'kuwasiya.

Kwa odziwa ntchitoyi, kumvetsera n'kovuta kujambula kuposa kuvina. Masuti ojambulira thupi alipo amitundu iwiri. Ena ali ndi timipira tonyezimira toonedwa ndi makamera ambiri ozungulira chipinda, ndipo kampira kakabisika kuseri kwa mkono kapena mpando, chiwalo chimadumpha. Ena, monga a Xsens okhala ndi masensa 17, safuna makamera koma amasochera pang'onopang'ono, makamaka pafupi ndi zitsulo, ndiye mapazi amatsetsereka pansi ndipo dzanja lofuna kugwira chibwano limaima m'malere kapena kulowa m'tsaya. Munthu wovina amabisa zolakwika zoterezi ndi liwiro. Munthu wokhala phee alibe pobisala, ndipo kuyenda kwake kwenikweni n'kochepa mofanana ndi kunjenjemera kwa makina. Mukasefa mumapha munthu, mukasiya mumasunga phokoso la zipangizo. Mu The Worm simungathe kusiyanitsa kuti uku ndi kusakhazikika kwa mwana amene akumva zowawa za mayi ake kapena ndi kulephera kwa sensa.

Mu Pianowork 2 wa 2023 anafika pojambulitsa thupi ndi nkhope yake yeniyeni, osatinso yogula, akuimba pa piyano nyimbo ya Jürg Frey wa ku Switzerland imene imabwereza manotsi awiri omwewo maulendo mazanamazana. Chidole chofanana ndi mwini wake chikuvutika kuwerenga ndi kusunga nthawi.

Khungu lakuda

Pali chifukwa china chimene thupi la pamsika lija linali la mzungu, ndipo chimakhudza aliyense wa kuno amene angatsegule Blender, pulogalamu yaulere, kuti aumbe munthu wofanana ndi abale ake. Theodore Kim, amene anagwirapo ntchito ku Pixar ndipo amaphunzitsa ku Yale, wakhala akusonyeza kuti kafukufuku wa khungu ndi tsitsi la pakompyuta anakhazikika pa khungu loyera ndi tsitsi lowongoka. Kumwazika kwa kuwala m'kati mwa mnofu kumaoneka kwambiri pa khungu loyera. Pa khungu lakuda, melanin wa pamwamba amamwa kuwala kochuluka kusanalowe, ndipo chimene chimaumba nkhope m'maso mwathu ndi kunyezimira kwa pamwamba, pachipumi, pamphuno ndi pamasaya. Mukangotenga khungu la mzungu n'kulidetsa mtundu, munthu amatuluka wotuwa, wosadzola. Chofunika ndi kuchepetsa subsurface scattering, kusamala texture ya posalala ndi pokhakhala, kusunga kufiirira kapena chikasu chimene chili pansi pa kuda, ndi kuunikira ndi nyali zazikulu zofewa zoikidwa m'mbali kuti zionekere pakhungu. Tsitsi lopotana nalo limavuta chifukwa zida zambiri zimaona tsitsi ngati chingwe chopindika pang'ono. Waluso wina, A.M. Darke, anayambitsa Open Source Afro Hair Library pofuna kutseka mpata umenewu.

Sondra Perry, waluso wa ku America wobadwa mu 1986, anasandutsa vuto lomweli kukhala ntchito. Mu Graft and Ash for a Three Monitor Workstation wa 2016, masikirini atatu anamangiriridwa pa njinga yolimbitsira thupi, ndipo nkhope ya pakompyuta yofanana naye imauza woonera kuti pulogalamu inalephera kutulutsa thupi lake lonenepa chifukwa thupi lotero munalibe m'zitsanzo zake. Kwa Atkins chidole ndi chopanda kanthu m'kati. Kwa Perry chidole chinadzaza kale ndi maganizo a amene anachipanga pa nkhani ya thupi loyenera kukhala poyambira.

Ntchito zimenezi zimakalamba msanga

Dave ankaoneka wodabwitsa mu 2014. Lero mwana wosewera magemu amamuona ngati munthu wa m'gemu yakale, pakuti MetaHuman, chida chimene Epic Games inatulutsa mu 2021, chimapatsa aliyense nkhope yoposa yake m'mphindi zochepa. Mapulogalamu a AI otulutsa zithunzi ndi makanema abweretsanso zilema zamtundu wina, monga zala zoonjezera ndi nkhope zosinthasintha, koma zilemazo zimangochitika ndipo n'zovuta kuzilamula. Pa njira ya mesh ndi rig chilema chilichonse chili ndi nambala yake imene mmisiri angaikweze kapena kuitsitsa.

Zipangizo nazo zimafa. Apple inagula Faceshift mu 2015 ndipo pulogalamuyo inasiya kugulitsidwa. Microsoft inasiya kupanga Kinect mu 2017. Kwa nyumba zosunga zaluso, kanema womalizidwa savuta kwenikweni: amasunga fayilo yaikulu yosafinyidwa, makope ake m'malo osiyanasiyana, ndi malangizo olembedwa a kukula kwa masikirini, malo a masipika ndi mmene makina oonetsera atatu ayenderane kuti wina asatsogole mnzake. Chovuta ndi ntchito ngati Refuse.exe, imene Atkins anayamba kuionetsa mu 2019. Imeneyi si kanema wojambulidwa kale koma pulogalamu ya mu Unreal Engine, momwe zinthu zosiyanasiyana zimagwa kuchokera kumwamba n'kuunjikana pa siteji, kompyuta ikuwerengera kugwa ndi kugundana kwake nthawi yomweyo. Kuti ntchito yotero idzaonetsedwe zaka 30 zikubwerazi, wosunga ayenera kukhala ndi kompyuta yomwe ingaiyendetse, chipangizo cha m'kompyuta chopangira zithunzi (graphics card) chogwirizana nayo ndi mtundu womwewo wa pulogalamu, kapena avomere kuisamutsira ku mtundu watsopano podziwa kuti kuwala ndi kagwedwe ka zinthu zidzasintha.